Earl Cameron ndi Nchito ya Wosewera Wothandizira

Aphunzitsi ndi ana asukulu nonse, m'nkhani ino tiphunzira za munthu amene asewera m'filimu koma sakhala mwini nkhani. Munthu wotere timucha wosewera wothandizira. Kuti nchito yake imveke bwino, titsata moyo wa munthu mmodzi, Bambo Earl Cameron, amene anabadwira pa cisumbu ca Bermuda m'caka ca 1917, nasewera m'mafilimu ndi pa wailesi ya kanema ku Britain kuyambira 1951 kufikira atapitirira zaka 90 zakubadwa. Tili ndi mafunso awiri. Loyamba ndi ili: kodi wothandizira acita ciani m'filimu? Laciwiri: nanga n'cifukwa ninji munthu waluso ngati a Cameron anakhala wothandizira pafupifupi moyo wao wonse?

Magulu atatu a osewera

M'filimu iliyonse muli magulu atatu a anthu. Gulu loyamba ndi la eni nkhani, mmodzi kapena awiri, amene maina ao alembedwa ndi malemba akuluakulu pakhomo pa nyumba ya kanema. Gulu laciwiri ndi la othandizira: dokotala, wapolisi, mbale wa womwalira, kapitao wa pa nchito. Awa ali ndi maina ndi mau oti anene, koma nkhani si yao. Gulu lacitatu ndi la odzaza bwalo, amene ayenda mumseu kapena kukhala m'basi osanena kanthu.

Inu mwaonapo gule pabwalo. Maso a anthu onse ali pa wovina, koma wovinayo aponda monga ing'uza ng'oma. Woimba ng'oma akaphonya, mwendo wa wovina nawonso uphonya, ndipo anthu adzati wovina sadziwa kuvina. Ndi mmenenso ziliri m'filimu. Ngati wosewera mbali ya dokotala saoneka ngati dokotala, oonerera sakhulupiranso kuti mwini nkhani wadwaladi.

Pali zinthu zitatu zimene zilimbitsa nchitoyi. Coyamba ndi kucepa kwa nthawi. Mwini nkhani ali ndi ola lathunthu ndi theka loti oonerera amdziwe, pamene wothandizira nthawi zina apatsidwa mphindi zitatu zokha. M'mphindi zimenezo mayendedwe ake, mau ake ndi kapenyedwe kake ziyenera kutiuza kuti iye ndani. Caciwiri, filimu sijambulidwa motsata nkhani. Cigawo cotsiriza cikhoza kujambulidwa Lolemba, ndipo coyamba Lacisanu, ndiponso cigawo cimodzi cibwerezedwa kambirimbiri pamene kamera isunthidwa uku ndi uku. Wothandizira aitanidwa masiku owerengeka cabe, cotero afike atamdziwa kale munthu amene adzamsewera. Cacitatu ndi kumvetsera. Kawirikawiri kamera iloza nkhope ya mwini nkhani, wothandizira ataima pambali posaoneka, akunena mau ake ndi mtima wonse kuti nkhope ya mnzakeyo iyankhe moona.

Mmalinyero wa ku Bermuda

Bermuda ndi kacisumbu kakang'ono ka m'nyanja ya Atlantic, kum'mawa kwa America, kolamulidwa ndi Britain. Kumeneko ndiko a Cameron anabadwira pa 8 Ogasiti 1917, m'dera la Pembroke. Pa nthawi ya ubwana wao kunali tsankho la mtundu: akuda ndi azungu anali ndi sukulu zosiyana, ndipo m'nyumba za kanema anali kukhala malo osiyana. Atakula analowa nchito ya umalinyero pa sitima za pamadzi. Nkhondo yaciwiri ya dziko lonse itabuka, sitima yao inapita ku London, kumene anafika mu Okutobala 1939.

Ku London nchito yabwino kwa munthu wakuda inali yosowa. A Cameron anagwira nchito za m'khichini, kutsuka mbale ndi zina zotero. M'caka ca 1941 mnzao wina anawapatsa tikiti yokaonera sewero loimba lochedwa Chu Chin Chow, m'mene mnzaoyo anali mmodzi wa odzaza bwalo. Patapita masabata, wosewera wina sanabwere ku nchito, ndipo a Cameron analowa m'malo mwake. Onani kuti anayambira pansi penipeni, m'gulu lacitatu lija la anthu osanena kanthu.

Iwo sanakhutire ndi mwai umenewo. Anazindikira kuti wosewera ayenera kuphunzira kutulutsa mau omveka kufikira ku mpando wotsiriza, cotero anakaphunzira kwa mai wina wacikulire, Amanda Ira Aldridge. Maiyu anali mwana wa Ira Aldridge, munthu wakuda wa ku New York amene anachuka ku Ulaya konse posewera masewero a Shakespeare, ndipo anasewera Othello ku Covent Garden mu London m'caka ca 1833. Pambuyo pa nkhondo a Cameron anapatsidwa nchito yodikira m'sewero la Deep Are the Roots, ndiko kunena kuti analoweza mau onse a mwini nkhani kuti alowe m'malo mwake tsiku limene iye adwala. Pambuyo pake anasewera okha mbali imeneyo m'mizinda yambiri ya ku Britain. Zaka khumi zinapita asanaoneke m'filimu ndi mbali yaikulu.

Pool of London

M'caka ca 1951 kampani ya Ealing Studios inatulutsa filimu ya Pool of London, imene anaitsogolera ndi Basil Dearden. Nkhani yake ndi ya amalinyero awiri amene sitima yao yaima pa doko la London masiku owerengeka. Mmodzi, Dan, ndi mzungu wokonda kuzembetsa katundu, ndipo agwa m'mlandu wa akuba diamondi. Mnzake, Johnny Lambert, ndi mnyamata wofatsa wa ku Jamaica, amene Dan ampempha kuti amnyamulire kaphukusi osamuuza za m'kati mwake. Johnny ndiye a Cameron.

Mumzindamo Johnny akomana ndi mtsikana wacizungu wogulitsa matikiti, nayenda naye kuona malo. Acezerana mwaulemu, koma onse awiri adziwa kuti anthu owazinga sangalole kuti cibwenzico cipitirire. Akatswiri a mbiri ya mafilimu aiwerengera filimuyi monga imodzi mwa zoyamba za ku Britain zoonetsa cikondi pakati pa munthu wakuda ndi mzungu. Koma taonani nchito ya Johnny m'nkhaniyi. Dan pa yekha ndi wakuba wamba, ndipo sitikadamvera cisoni. Tiyamba kuda nkhawa cifukwa cakuti munthu wosalakwa wanyamula phukusi limene lingamtsekeretse m'ndende. Dan akabwerera kudzapulumutsa mnzake, tikhulupirira kuti wacita bwino, popeza a Cameron ationetsa kale kuti Johnny ndi munthu woyenera kumpulumutsa.

Munthu mmodzi alowa pakhomo

Citsanzo coposa ca mphamvu ya wothandizira cili m'filimu ya Sapphire ya 1959, imenenso anaitsogolera ndi Dearden. Kuti muimvetse, dziwani kuti kuyambira 1948, pamene sitima ya Empire Windrush inafika ndi anthu a ku West Indies, akuda ambiri anapita ku Britain kukagwira nchito, ndipo ambiri anakanizidwa nyumba zogona cifukwa ca khungu lao. M'caka ca 1958 anyamata acizungu anaukira akuda m'dera la Notting Hill mu London.

Filimuyi iyamba ndi mtembo wa mtsikana wa sukulu ya nyimbo, wopezeka pa malo ochedwa Hampstead Heath. Apolisi ndi oonerera onse ayesa kuti mtsikanayo ndi mzungu. Apolisi aitana mlongo wake, Dr Robbins, ndipo citseko cikatseguka alowa munthu wakuda, wovala bwino, wolankhula modekha. Pomwepo nkhani yonse itembenuka: mtsikana uja anali wa makolo a mitundu iwiri, ndipo apolisi ayamba kufunsa ngati sanaphedwe cifukwa ca cimeneco. A Cameron sanapfuule kapena kudzigwetsa pansi. Anasewera munthu amene wataya mlongo wake, amenenso anazolowera kuona anthu akudzidzimuka akamuona. Mwini nkhani ndi wapolisi, woseweredwa ndi Nigel Patrick, koma amene afulatitsa oonerera kuti adzifunse za mitima yao ndi dokotala uja. Filimuyi inalandira mphoto ya filimu yopambana ya ku Britain ya caka cimeneco.

M'caka ca 1961, m'filimu ya Flame in the Streets, a Cameron anasewera Gabriel Gomez, wanchito wa m'fakitale ya mipando amene anzake acizungu safuna kuti akwezedwe kukhala kapitao. Mkulu wa bungwe la anchito, woseweredwa ndi John Mills, amenyera Gomez nkhondo pamsonkhano, koma kunyumba avutika mtima pomva kuti mwana wake wamkazi afuna kukwatiwa ndi mphunzitsi wakuda. Apanso nkhani ndi ya mzunguyo, ndipo Gomez ndiye muyeso umene tiyesera cilungamo cake.

N'cifukwa ninji sanakhale mwini nkhani?

Tafika pa funso lathu laciwiri. Wosewera sadzilembera mbali. Asewera zimene alembi alemba ndi zimene eni ndalama avomera. M'zaka zimenezo alembi ndi eni makampani a mafilimu ku Britain anali azungu, olembera oonerera acizungu. Ngakhale nkhani ikhale ya ku Africa, pakati pake anali kuikapo mzungu.

Taonani mafilimu atatu awa. Mu Simba, ya 1955, yonena za nkhondo ya Mau Mau ku Kenya, mwini nkhani ndi mlimi wacizungu woseweredwa ndi Dirk Bogarde, ndipo a Cameron ndi Dr Karanja, dokotala wogwidwa pakati pa anthu a mtundu wake ndi atsamunda. Caka cotsatira, mu Safari, mwini nkhani ndi mlenje wacizungu, ndipo a Cameron ndi mtsogoleri wa ankhondo a Mau Mau. Mu Guns at Batasi, ya 1964, yonena za asilikali m'dziko lopeka la mu Africa limene langolandira ufulu, mwini nkhani ndi sajeni wacizungu woseweredwa ndi Richard Attenborough, ndipo a Cameron ndi Captain Abraham. Dziko ndi la Aafirika, mavuto ndi a Aafirika, koma kamera itsata mlendo. Onaninso kuti a Cameron sanali Mkenya. Osewera akuda ku London anali ocepa, ndipo makampani anali kuwapatsa mbali ya munthu wakuda aliyense, kaya wa ku Kenya, wa ku Jamaica kapena wa ku West Indies kwina kulikonse.

Ku America, Sidney Poitier anafika pokhala mwini nkhani m'mafilimu ambiri, nalandira mphoto ya Oscar m'caka ca 1964. Ku Britain khomo lotere silinatseguke kwa a Cameron. Cotero tisanamizane, ana inu, kuti aliyense amene akhala kumbuyo akhalako cifukwa luso lake ndi locepa. Ena akhalako cifukwa cakuti wogawa mbali sanagawe mwacilungamo. Cimene cinali m'manja mwa a Cameron ndi kaseweredwe kao. Mbali imene mlembi anailemba mopyapyala iwo anali kuipatsa ulemu ndi nzeru, kotero kuti woonerera anali kuona munthu wathunthu pamene pepala linali ndi mthunzi cabe.

Pa wailesi ya kanema

M'zaka za m'ma 1960 mabanja ambiri a ku Britain anagula wailesi za kanema, ndipo masewero a sabata ndi sabata anacuruka. Sewero lotere likhala ndi mwini nkhani mmodzi wosasintha, koma sabata iliyonse lifuna nkhope zatsopano. Apa ndipo othandizira anapeza cakudya cao. A Cameron anaoneka kangapo mu Danger Man pamodzi ndi Patrick McGoohan, ndiponso mu The Prisoner m'caka ca 1967.

M'caka ca 1965 anasewera Pinder, mthandizi wa James Bond ku Nassau, m'filimu ya Thunderball, m'mene Bond anali Sean Connery. Caka cotsatira, m'sewero la BBC la Doctor Who, m'nkhani yochedwa The Tenth Planet, anasewera woyendetsa combo ca m'mlengalenga dzina lake Williams. Mbaliyo inali yaifupi, koma ganizirani mwana wakuda wa ku London amene anaiona. Pa nthawiyo panalibe munthu wakuda ndi mmodzi yemwe amene anapitako m'mlengalenga. Woyamba, Arnaldo Tamayo Méndez wa ku Cuba, anapita m'caka ca 1980, patapita zaka 14.

M'caka ca 1971 a Cameron anawerengera ana nthano za Brer Rabbit pa programu ya BBC ya Jackanory. Brer Rabbit ameneyu ndi kalulu wocenjera wa m'nthano za akuda a ku America, zimene makolo ao anapita nazo kucokera ku Africa pa nthawi ya ukapolo. Mukamva nthano zake mudzazindikira msanga kuti ndi mbale wake wa Kalulu wathu.

Kucoka ndi kubwerera

M'zaka za m'ma 1970 anasewera kazembe mu A Warm December, filimu ya 1973 imene anaitsogolera ndi Sidney Poitier, ndiponso mfumu ya ku Abyssinia mu The Message ya 1976. Tsono m'caka ca 1979 anasiya zonse. A Cameron analowa cipembedzo ca Bahá'í m'caka ca 1963, ndipo cifukwa ca nchito ya cipembedzoco anasamuka ndi banja lao kupita ku Solomon Islands, zisumbu za m'nyanja ya Pacific. Kumeneko anakhala zaka 15 akuyendetsa malonda a ayisikilimu. Anabwerera ku Britain m'caka ca 1994.

Ambiri akadayesa kuti nchito yao inathera pomwepo. Koma m'caka ca 2005, ali ndi zaka 87, anaoneka mu The Interpreter, filimu ya Sydney Pollack imene inajambulidwa m'kati mwa nyumba ya United Nations ku New York. Eni nkhani ndi Nicole Kidman ndi Sean Penn. A Cameron ndi Edmond Zuwanie, pulezidenti wa dziko lopeka la Matobo, amene anamasula anthu ake paunyamata, nasanduka wowazunza paukalamba. Mbali imeneyi ndi yobvuta mwa njira yake. Kwa nthawi yaitali oonerera angomva dzina la Zuwanie pakamwa pa ena, ndipo iye mwini aoneka kumapeto. Akaoneka ayenera kufanana ndi zonse zimene zanenedwa za iye. A Cameron anationetsa nkhalamba yotopa, yonyada, imene ikumbukira kuti kale inali munthu wabwino.

M'caka ca 2006 anasewera wojambula cithunzi ca Mfumukazi Elizabeth m'cigawo coyamba ca filimu ya The Queen. Mfumukaziyo, yoseweredwa ndi Helen Mirren, yakhala pampando, ndipo awiriwo akamba za cisankho ca 1997. Cigawoco ndi ca mphindi zocepa, ndipo wojambulayo saonekanso. Koma ndi pocezera naye pamene tiyamba kuona kuti pansi pa zobvala zacifumu pali munthu woseka ndi wolakalaka zimene anthu wamba ali nazo. M'caka ca 2010 anaonekanso pang'ono mu Inception, ali ndi zaka zopitirira 90.

Ulemu unafika mocedwa, koma unawapeza ali moyo. M'caka ca 2009 analandira mendulo ya CBE. M'caka ca 2012 nyumba ya masewero ya mu City Hall ku Hamilton, likulu la Bermuda, inachedwa Earl Cameron Theatre. Kumbukirani kuti mumzinda womwewo akuda anali kukhala padera m'nyumba za kanema kufikira 1959, pamene anagwirizana kuleka kulowamo mpaka tsankholo litatha. A Cameron anamwalira pa 3 Julayi 2020 ku Kenilworth, ku Mangalande, ali ndi zaka 102.

Zimene taphunzira

Akuluakulu anati mutu umodzi susenza denga. Filimu ndi denga lolemera, ndipo amene dzina lake lalembedwa pakhomo salisenza yekha. Wothandizira ndiye acititsa kuti oonerera akhulupirire nkhani, ndipo luso lake liyesedwa ndi zimene acita m'kanthawi kocepa kamene wapatsidwa. Taonanso kuti kagawidwe ka mbali kangakhale kokondera, ndipo kuyamika munthu amene anacita bwino pa malo opapatiza sikutanthauza kuti malowo anali oyenera. Kwa inu ana, phunziro ndi lakuti mbali imene mwapatsidwa muigwire ndi manja awiri. Kwa inu aphunzitsi, amene mugawa mbali, phunziro ndi lakuti muyang'ane bwino amene mumuika patsogolo caka ndi caka, ndi amene akhala kumbuyo osayesedwa.

Mafunso

1. Chulani magulu atatu a osewera m'filimu, ndipo nenani kusiyana kwao.
2. Pezani Bermuda, London ndi Solomon Islands pa mapu a dziko lonse. Ndi nyanja ziti zimene zazinga zisumbuzo?
3. N'cifukwa ninji kulowa kwa Dr Robbins kutembenuza nkhani ya Sapphire?
4. A Cameron anali ndi zaka zingati pamene Pool of London inatuluka? Nanga panapita zaka zingati kucokera pamenepo kufikira Inception?
5. Kodi mafilimu a Simba, Safari ndi Guns at Batasi afanana motani pa kagawidwe ka mbali?

Zocita m'kalasi

Sankhani nthano ya Kalulu imene ana aidziwa bwino, ndipo aisewere kawiri. Poyamba othandizira onse, monga mthenga wa mfumu ndi nyama za pabwalo, anene mau ao mosasamala, akuyang'ana kwina. Kaciwiri amvetsere Kalulu ndi maso ndi thupi lonse, ndipo aliyense asankhe mayendedwe a nyama yake asanalowe. Funsani oonerera kuti Kalulu anaoneka wocenjera kwambiri pa ulendo uti, ngakhale kuti iye sanasinthe kanthu. Pomaliza sinthani mbali, kuti amene anali mthenga akhale Kalulu, ndipo amene anali Kalulu aphunzire kulowa kamodzi ndi kumvetsera.